Loya Amene Anatsegula Nyumba ya Malamulo ku Zomba

Aphunzitsi ambiri pofotokoza mbiri ya dziko lino amafulumira kutchula Harry Johnston, naiwala munthu amene anakhala pa mpando womwewo zaka 14, ndiye Alfred Sharpe. Bwana ameneyu anabadwira ku Lancaster, ku Mangalande, m'chaka cha 1853, ndipo ntchito imene anaphunzira inali ya uloya. Koma mu ofesi sanakhazikikemo. Anapita ku zilumba za Fiji, kumene anaweruzako milandu kanthawi kochepa, ndipo mu 1887 anafika kuno ali ndi mfuti yosakira njovu. Chaka chomwecho analowa nawo m'nkhondo ya ku Karonga yolimbana ndi Mlozi, wogula akapolo uja.

Johnston anaona kuti mlenje wodziwa malamulo ndi munthu wofunika, popeza masiku amenewo maiko a ku Ulaya anali kulanda dziko ndi mapepala. Chotero mu 1890 anamtuma kuti akapangane mapangano ndi mafumu. Mwata Kazembe anavomera, koma ku Katanga zinavuta. Mfumu Msiri inaitana mmishonale Charles Swan kuti aitanthauzire mau onse a m'pepalalo, ndipo itamva kuti dziko lake likuperekedwa, inakana kwamtuwagalu. Loya anabwerako chimanjamanja, ndipo dziko la mkuwa lija linagwa m'manja mwa Mfumu Leopold ya ku Belgium.

Johnston atachoka mu 1896, Sharpe ndiye anatenga ulamuliro. Chaka chimenecho Inkosi Gomani Chikuse inaphedwa ndi asilikali a Boma, ndipo mu 1898 Angoni a Mpezeni anagonjetsedwa. Njira ya ku chigawo cha pakati inatseguka, boma la Lilongwe linakhazikika mu 1904, ndipo anthu a ku Nambuma, Nsaru ndi Kabudula anayamba kudziwa amesenjala ndi chiphaso cha msonkho.

Pa nkhani ya msonkhoyi m'pamene luso la malamulo linaonekera bwino. Azungu a minda ya ku Blantyre ndi Mulanje anali kudandaula kuti antchito akusowa. M'nthawi ya Sharpe msonkho wa nyumba unaikidwa pa masheleni 6, koma munthu amene wagwira ntchito kwa Mzungu mwezi umodzi analipira masheleni 3 okha. Awerengi amene amagwira ntchito ya Boma aone kuchenjera kwake: lamulo silinanene kuti munthu agwidwe ndi kutengeredwa ku munda ayi, linangomuikira mitengo iwiri. Koma mwamuna wa ku Nambuma, amene chuma chake chinali chimanga, mbuzi ndi nkhuku, ndalama akanaipeza kuti? Ananyamuka wapansi. Ena anapitirira mpaka ku Halale, ndipo kuyambira mu 1903, pamene a Wenela analoledwa kulemba anthu kuno, ena anakafika ku migodi ya ku Joni.

Mu 1907 dziko linatchedwa Nyasaland, Sharpe nakhala Bwanamkubwa woyamba. Lamulo lochokera ku London linakhazikitsanso Bungwe Lopanga Malamulo, limene linakumana koyamba ku Zomba mu 1908, iye ali wapampando. Ili ndilo gwero la Nyumba ya Malamulo imene tili nayo. Munali akuluakulu a Boma ndi Azungu ena ochepa ochita kusankhidwa ndi Bwanamkubwa, ndipo woimira anthu akuda anali mbusa Alexander Hetherwick wa Mishoni ya Blantyre. Hetherwick Chinyanja anachidziwadi, ndipo sanali munthu woopa kutsutsa Boma, koma msonkho wa nyumba sunamuyendetsepo wapansi. Loya aliyense amadziwa kuti mlandu suweruzidwa mwiniwake palibe. Pano mtundu wonse unapangiridwa malamulo uli panja.

Sharpe anapuma ntchito mu 1910, namwalira mu 1935. Dzina lake linatsala pa Sharpevale, m'boma la Ntcheu. Anthu akuda oyamba, E. A. Muwamba ndi K. E. Mposa, analowa m'bungwe lija mu 1949, nawonso mochita kusankhidwa ndi Bwanamkubwa, patapita zaka 41 chitsegulire. Henry Chipembere ndi Kanyama Chiume analowamo mu 1956.