Anthu amene amapatsa matenda manambala

Wodwala akatulutsidwa m'chipatala, fayilo yake sikasungidwa nthawi yomweyo. M'zipatala zikuluzikulu za ku Britain ndi ku South Africa imadzera kaye pa desiki ya munthu amene wodwalayo sadzakumana naye. Munthuyu sabaya jakisoni, sayeza aliyense. Amangowerenga zimene madokotala alemba, n'kusandutsa matendawo kukhala chilembo ndi manambala. Pantchito amawatcha ma clinical coder.

Buku lawo ndi ICD-10, mndandanda wa matenda wa bungwe la WHO umene unavomerezedwa mu 1990 ndipo mayiko anayamba kuugwiritsa ntchito mu 1994. Wophunzira ntchitoyi amauzidwa msanga kuti asamadalire zoloweza pamtima. Ayambe wafufuza dzina la nthenda m'buku la mayina, kenako akatsimikize mu mndandanda waukulu, chifukwa pansi pa nambala iliyonse pamalembedwa zimene siziyenera kuikidwa pamenepo. Ku Britain amaphunziranso OPCS-4, ya maopaleshoni, ndipo pali mayeso a dziko lonse amene coder amalemba akakhwima pantchito. Ku South Africa, kuyambira mu 2005, chikalata chokatengera ndalama ku medical aid chimafunika chikhale ndi nambala ya ICD-10. Ikalakwika, ndalama zimatha kukanidwa.

Kuti muone kuvuta kwa ntchitoyi, tengani matenda a nembanemba imene imakuta mapapo. Nembanembayi ili pawiri, ina yomatira ku phapo, ina yomatira mkati mwa nthiti, ndipo pakati pake pamakhala timadzi tochepa toti phapo lizitereka munthu akamapuma. Zikavuta, kampata kameneka kamadzaza. Wodwala amangoti, "Adokotala, ndikubanika, m'nthitimu mukubaya ndikapuma." Koma coder ayenera kudziwa chimene chadzazacho. Akakhala madzi, ndi J90. Ukakhala mpweya umene wafinya phapo, ndi J93. Mafinya ndi J86, magazi ndi J94.2. Ndipo mpweya womwewo kapena magazi omwewo akabwera chifukwa cha ngozi ya galimoto kapena mpeni, nkhani yonse imachoka m'chigawo cha matenda a kupuma n'kupita ku S27, kwa ovulala.

Madzi ndiwo amavuta kwambiri, chifukwa kawirikawiri amakhala mthenga wa nthenda ina. Mtima wofooka umawabweretsa, chibayo chimawabweretsa, khansa ya m'mawere kapena ya m'mapapo ikafalikira imawabweretsanso. Kuno kumwera kwa Africa, chifuwa chachikulu ndicho chimaganiziridwa msanga. ICD-10 imasiyanitsa ngakhale pamenepa: A15.6 ngati labotale yatsimikiza kuti ndi TB, A16.5 ngati palibe zonena kuti yatsimikiza.

Tiyerekeze kuti dokotala, ali ndi odwala ambiri pamzere, walemba mofulumira kuti madzi m'chifuwa, n'kuwonjezera TB ndi chizindikiro cha funso kutsogolo kwake. Coder amene wakhalitsa pantchito amaona zotsatira za labotale, amaona mankhwala amene aperekedwa, mumtima amadziwa. Koma saloledwa kuweruza. Ntchito yopeza nthenda ndi ya dokotala. Choncho amalemba kakalata kofunsa, kapena amanyamuka kupita ku wodi kukadikira pakhomo mpaka dokotala apeze mpata woti, "Inde, ndi TB, lembani." Ine ndimaona kuti apa ndiye pagona ulemu wa ntchitoyi. Kungoika J90 n'kutseka fayilo n'kosavuta, ndipo palibe angamukalipire tsiku lomwelo. Koma wodwala TB mmodzi akhoza kusowa pa chiwerengero cha chipatalacho, ndipo ziwerengero zimenezi ndi zimene akuluakulu amayang'ana pogawa ndalama, mabedi ndi antchito.

Nkhani ya asbestos ikusonyeza bwino zimene nambala imodzi ingachite. Mu 1960 dokotala J. C. Wagner ndi anzake anafalitsa kafukufuku wa odwala 33 a ku South Africa amene anali ndi khansa ya nembanemba ya mapapo yotchedwa mesothelioma. Pafupifupi onse anali atakhudzanapo ndi asbestos wa buluu wa kumigodi ya kumpoto chakumadzulo kwa Cape, ena pogwira ntchito, ena pongokhala pafupi. Komabe ICD-9, imene inkagwiritsidwa ntchito ICD-10 isanabwere, inalibe nambala ya khansa imeneyi payokha. Omwalira nayo ankasakanikirana ndi a makhansa ena a m'chifuwa, moti kuwawerenga bwinobwino kunali kovuta. ICD-10 ndiyo inabweretsa C45, ndipo C45.0 ndi ya mesothelioma ya nembanemba ya mapapo. South Africa inaletsa asbestos mu 2008, koma nthendayi imatha kubisala zaka 30 kapena 40 isanaonekere, ndiye mafayilo ake akubwerabe pa madesiki. Nafenso nkhaniyi ikutikhudza, poti abale athu ambiri ochokera ku Malawi anagwirapo ntchito m'migodi ya ku Zimbabwe, kuphatikizapo ya asbestos ku Zvishavane ndi ku Mashava.

ICD-11, yolowa m'malo mwa ICD-10, inayamba kugwira ntchito pa 1 January 2022, koma mayiko akusamukirako pang'onopang'ono, ndipo ma coder ayenera kuphunziranso manambala atsopano. Makompyuta nawo tsopano amawerenga mafayilo n'kuloza nambala yoti iganiziridwe. Zimathandiza, koma kompyuta imawerenga zolembedwa zokha, monganso coder. Pa X-ray ya bambo wachikulire pakhoza kuoneka zipsera zolimba pa nembanemba ya mapapo. Ngati dokotala anawafunsa kuti, "Bambo, munkagwira ntchito kuti muli mnyamata?" n'kulemba za mgodi wa asbestos, coder amaika J92.0. Ngati funsolo silinafunsidwe, amaika J92.9, ndipo zaka zonse zimene bamboyo anapuma fumbi kumgodi sizidzaoneka pa chiwerengero chilichonse.