Mphezi ndi Bingu: Cifukwa Cake Sizifika Pamodzi

Aphunzitsi ndi ana a sukulu, phunziro lathu lero ndi la mphezi, imene ambiri muno mu Lusaka amaicha kaleza. Kuyambira mwezi wa Novembala kufikira Epulo, makamaka dzuwa likapendeka, mitambo yakuda imaunjikana pamwamba pa mzinda wathu. Mwana amene waima ku Kabwata, akayang'ana ca ku Lilayi kum'mwera, amaona kung'anima. Kenaka kuli zii. Patapita kanthawi ndipo bingu limagunda. Ambiri amayesa kuti coyamba catha, ndipo caciwiri cabwera pacokha. Si tero ai. Kung'anima ndi kugunda zimabadwa pa nthawi imodzi. Cimene cimacedwa ndi ulendo wa phokoso kuti lifike m'khutu.

Mphezi imayambira mu mtambo wautali kwambiri, umene nsonga yake ingafike makilomita 12 kapena kuposa. Kumwambako kumazizira koopsa, kotero kuti madzi amaundana. Mphepo imakankha timatalala kukwera ndi kutsika, timakhulana, ndipo kukhulanako kumasonkhanitsa mphamvu ya magetsi. Ikacuruka, mphamvuyo imalumpha kupita ku mtambo wina kapena pansi. Mpweya umene yapitamo umatentha kufika madigiri pafupifupi 30,000, ndiko kuti kasanu kuposa pamwamba pa dzuwa. Mpweya wotentha cotero umafufuma mwadzidzidzi ngati cinthu cophulika. Limenelo ndilo bingu.

Tsono tiyeni tione za kucedwa kuja. Munaonapo munthu akudula mtengo patsidya la dambo? Nkhwangwa imatsika, iye nkuyamba kuitukulanso, ndipo m'pamene mumamva kuti kho! Kuwala kumayenda makilomita 300,000 pa sekondi imodzi, motero kumafika m'maso nthawi yomweyo. Phokoso ndi kamba: limayenda mamita pafupifupi 340 okha pa sekondi, ndipo limafuna masekondi 3 kuti lithe kilomita imodzi.

Aphunzitsi, izi mungazionetse tsiku lopanda mvula. Mwana mmodzi aime kumapeto kwa bwalo la mpira ndi citsulo cimene mumaimba ngati belu, anzake aime kumapeto kwinako, kapena patali kuposa apo ngati malo alipo. Adzaona dzanja litamenya kale, kulira nkubwera pambuyo. Pa bolodi, apatseni masamu awa: werengani masekondi kucokera pa kung'anima kufikira pa bingu, ndi kugawa ndi 3. Masekondi 30 ndi makilomita 10. Masekondi 9 ndi makilomita 3. Ngati kung'anima ndi bingu zafika pamodzi, mphezi yagwa pafupi penipeni.

Koma pano ndi pamene anthu amanyengeka. Munthu akawerenga masekondi ambiri amati, "Ikali kutali, ndimalize mzere uno wa cimanga," kapena, "Tichaye mpira pang'ono." Masamu aja amanena za mphezi imene yagwa kale. Sanena kumene yotsatira idzagwa. Mphezi ingathe kugwa makilomita 15 kucokera pamene mvula ikugwa, pamalo pamene dzuwa likuwala. Ncifukwa cake akatswiri a zanyengo amalangiza kuti ukangomva bingu, ulowe m'nyumba, ndipo usatuluke mpaka patapita mphindi 30 kucokera pa bingu lomaliza. Mphindi zimenezi zimaoneka zambiri kwa mwana amene ali ndi njala, koma mtambo umene wapita umaponyabe mphezi m'mbuyo.

Mphezi imakonda cinthu cimene catalika kuposa zinzake. Ku mapulazi a ku Lilayi, kumene malo ndi oyera, cinthu cimeneco cingakhale mtengo woima wokha, culu, ng'ombe, kapena iwe mwini. Kuusa mvula pansi pa mtengo ndiko kwapha anthu ambiri, cifukwa mphamvuyo imalumpha kucoka pa thunthu, ndiponso imayenda m'nthaka. Talikiraninso mpanda wa waya, madzi a m'damu ndi khonde lotseguka. Malo abwino ndi nyumba yaikulu yokhala ndi mawaya a magetsi ndi mapaipi opita pansi, kapena basi ndi galimoto ya denga lacitsulo, mawindo ali otseka. Muli m'nyumbamo, lekani kusamba kapena kugwira zinthu zolumikizidwa ku magetsi.

Ngakhale kalasi si linga ngati ilibe coiteteza. Pa 28 Juni 2011, mphezi inapha ana 18 pa sukulu ya pulaimale ya Runyanya m'dziko la Uganda, ali m'kalasi kudikira kuti mvula ikate. Tsiku limeneli tsopano limakumbukiridwa caka ndi caka monga tsiku lophunzitsa anthu kudziteteza ku mphezi. Coteteza nyumba cinadziwika kalekale. Benjamin Franklin wa ku Philadelphia anaonetsa m'caka ca 1752 kuti mphezi ndi magetsi, ndipo ndiye anapanga ndodo yacitsulo yoimika padenga, yokhala ndi waya wonenepa wotsikira m'nthaka. Ndi bwino kuti aphunzitsi aakulu ndi makolo afunse ngati sukulu yao ili nayo, ndiponso ngati waya wake sunaduke kapena kubedwa. Kuika ndodoyi ndi nchito ya amisiri odziwa, osati ya ana.

Pali mau amene timamva m'makomboni, akuti munthu woombedwa ndi mphezi sakhudzidwa, cifukwa nawenso ingakugwire. Mau amenewa ataitsa miyoyo. Thupi la munthu silisunga magetsi a mphezi. Cimene cimacitika kawirikawiri ndi cakuti mtima ndi kupuma zimaima. Mwana akaona mnzake wagwa, athamange kukaitana wamkulu. Wamkulu amene anaphunzira cithandizo coyamba ayambe pomwepo kukanikiza pacifuwa, pamene ena akufuna galimoto yopita ku cipatala.