Nina Gold, mayi wosankha nkhope zimene dziko limaonera

Filimu ikatha, pa kanema pamadutsa mndandanda wautali wa mayina, ndipo nthawi imeneyi ndi imene ambirife timadzuka n'kuyamba kupinda mphasa. Ochita sewerolo tawaona kale ndi maso, ndipo wotsogolera wake mwina tinamumvapo. Koma pakati pa mayina othamangawo pamakhala dzina la munthu amene, miyezi yambiri m'mbuyomo, anafufuza ndi kubweretsa aliyense amene tamuonayo. Ku Britain, mmodzi mwa akadaulo a ntchito imeneyi ndi Mayi Nina Gold. Aliyense amene anaonerapo Game of Thrones, The Crown kapena Star Wars: The Force Awakens anaona ntchito yawo, ngakhale kuti atakumana nawo pamsewu sangawazindikire.

Ntchitoyi pa Chingerezi amaitcha casting. Woigwira amalandira nkhani yolembedwa, naiwerenga mofatsa, n'kulemba anthu onse amene ali m'nkhanimo, kuyambira mfumu mpaka mlonda wolankhula mawu awiri okha. Akatero amayamba kusaka. Amapita kukaonera zisudzo madzulo ambiri pa sabata, amayendera sukulu zophunzitsa zisudzo pamene ophunzira akutsiriza maphunziro, amakambirana ndi oimira ochita zisudzo, ndipo amagwiritsa ntchito kaundula wotchedwa Spotlight, amene wakhala akusunga mayina ndi zithunzi za ochita zisudzo a m'dzikomo kuyambira 1927. Amene awakhulupirira amawaitana kudzayesedwa. Pomaliza amapereka mayina ochepa kwa wotsogolera filimu ndi kwa mkulu woyendetsa chuma ndi ntchito yonse, amene amatchedwa producer. Mawu omaliza amakhala a anthu awiriwa. Komabe munthu sangasankhe mbewu imene sinafike pa lichero lake, ndipo mphamvu ya Mayi Gold yagona pomwepa: iwo ndi amene amadzaza licherolo.

Mayiwa anakulira mumzinda wa Cardiff ku Wales, ndipo anaphunzira pa yunivesite ya Cambridge. Chiyambi chawo pa ntchitoyi chinali chonyozeka: anapemphedwa kupeza anthu odzaza malo mu kanema wa nyimbo wa gulu la AC/DC. Pambuyo pake anakhala zaka zingapo akusankha anthu a m'makanema a nyimbo ndi otsatsa malonda. Mwayi unawapeza mu 1992, pamene anasankha anthu a kanema wotsatsa malonda a McDonald's. Wotsogolera kanemayo anali Mike Leigh.

Leigh ndi munthu wa njira yakeyake. Iye sayamba ndi nkhani yolembedwa kale. Amasonkhanitsa ochita zisudzo, nakhala nawo miyezi ingapo, aliyense akuumba munthu amene adzamuimire, ndi mbiri yake, ntchito yake ndi mavuto ake, mpaka nkhani imabadwa kuchokera pa kukumana kwa anthuwo. Pa njira yotere, kulakwitsa posankha munthu mmodzi ndiko kulakwitsa nkhani yonse, chifukwa palibe pepala loti limubise. Mu 1999 Leigh anatulutsa Topsy-Turvy, filimu yonena za Gilbert ndi Sullivan, olemba zisudzo zoimba a m'zaka za m'ma 1800, ndipo ntchito yosankha anthu anaipereka kwa Mayi Gold. Pankafunika anthu odziwa kuchita sewero amenenso angaimbe ndi mawu awoawo. Iyi inali filimu yawo yaikulu yoyamba, ndipo kuyambira pamenepo Leigh wakhala akuwaitana: Vera Drake mu 2004, Mr. Turner mu 2014, Hard Truths mu 2024. Ine ndimaona kuti sukulu yeniyeni ya mayiwa inali imeneyi, kuposa Cambridge. Kwa Leigh anaphunzira kuyang'ana kupyola kukongola kwa nkhope, n'kufunsa ngati munthuyo ali ndi kanthu m'kati kamene kangatuluke akapatsidwa nthawi.

Chiyeso chachikulu cha luso limeneli chinali Game of Thrones, sewero la pa wailesi yakanema la kampani ya HBO, limene linaonetsedwa kuyambira 2011 mpaka 2019 m'zigawo 73. Mayi Gold anagwira ntchitoyi pamodzi ndi Robert Sterne. Nkhaniyo ili ndi mabanja ambiri olimbirana ufumu, ndipo anthu olankhula m'menemo ndi mazanamazana. Ena, monga Peter Dinklage, eni sewerolo David Benioff ndi D. B. Weiss anali atawaganizira kale. Vuto linali pa ana ndi achinyamata.

Taganizirani kusankha mwana wa zaka 12 kuti asenze gawo limene lidzakule naye kwa zaka pafupifupi khumi. Simukudziwa kuti mawu ake adzasintha bwanji, msinkhu wake udzafika pati, kapena ngati adzapirire kutchuka. Maisie Williams, amene anakhala Arya Stark, anali asanachitepo sewero lolipidwa. Sophie Turner, amene anakhala mkulu wake Sansa, analimbikitsidwa ndi mphunzitsi wake wa zisudzo kuti akayesedwe, ndipo nayenso aka kanali koyamba kuonekera pa kanema. Kit Harington anali atangotuluka kumene ku sukulu ya zisudzo, akudziwika ndi sewero la papulatifomu la War Horse basi. Mu 2016 munalowa Bella Ramsey, mwana amene m'mphindi zochepa chabe anaphimba akuluakulu onse amene anaima nawo. Akuluakulu amati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo ntchito ya Mayi Gold ndi yotero ndithu: kuonera anthu ambirimbiri akubwereza mawu omwewo, tsiku ndi tsiku, osatopa, mpaka wina awanene mwa njira imene sunaiyembekezere.

Sikuti zonse zinkayenda koyamba. Chigawo choyeserera chimene chinajambulidwa mu 2009 sichinakhutiritse eni ake, ndipo mbali yaikulu anaijambulanso. Magawo awiri ofunika anasintha eni: Emilia Clarke analowa m'malo mwa Tamzin Merchant, ndipo Michelle Fairley analowa m'malo mwa Jennifer Ehle. Amene munatsogolerapo gulu la zisudzo kumudzi mukudziwa kuwawa kwake kouza munthu amene waloweza kale mawu kuti gawolo laperekedwa kwa wina. Ku London kuwawako n'komweko, kungoti kumeneko pamakhalanso ndalama za lendi ndi tsogolo la munthu.

Nkhani ya John Boyega ndi imene imaonetsa bwino mphamvu ya ntchitoyi, komanso pamene mphamvuyo imathera. Boyega anabadwa mu 1992 ku London, kwa makolo ochokera ku Nigeria, ndipo anakulira ku Peckham kumene anayamba zisudzo ali mwana. Mayi Gold ndi amene anasankha anthu a filimu ya Attack the Block ya mu 2011, m'mene mnyamatayu, asanadziwike n'komwe, anapatsidwa gawo lotsogolera. Patangopita zaka zochepa, mayiwa anali m'gulu losaka anthu a Star Wars yatsopano. Mu 2013 opanga filimuyo analengeza kuti aliyense wofuna abwere kudzayesedwa, ndipo m'mizinda ngati Bristol achinyamata zikwizikwi anaima pa mizere. Pa khamu lonselo, amene analengezedwa kuti apeza malo anali awiri, ndipo magawo awo anali aang'ono. Magawo akuluakulu anapita kwa Boyega ndi Daisy Ridley. Boyega anayesedwa mobwerezabwereza kwa miyezi isanu ndi iwiri asanauzidwe kuti wapambana.

Pamene zithunzi zoyamba zinatuluka mu 2014, panali anthu amene anadandaula pa intaneti chifukwa choona munthu wakuda atavala zovala za msilikali wa m'nkhaniyo. Filimuyo inatuluka mu 2015 n'kupanga ndalama zoposa madola 2 biliyoni. Koma mu 2020 Boyega ananena poyera, pocheza ndi magazini ya GQ, kuti kampani ya Disney inamugwiritsa ntchito potsatsa filimu ngati munthu wofunika kwambiri, kenaka m'mafilimu otsatira gawo lake linakankhidwira kumbali. Apa mpamene pali malire. Wosankha anthu angathe kutsegula chitseko, koma kuti wolowayo akhala pa mpando uti, amagamula ndi olemba nkhani pamodzi ndi ogwira chikwama.

Zofanana ndi zimenezi zinaoneka pa The Crown, sewero la Netflix lonena za Mfumukazi Elizabeth II, limene linayamba mu 2016. Mayi Gold ndi Sterne anabweretsa Claire Foy kuti akhale mfumukazi ili yachitsikana, ndipo chifukwa chakuti opanga sewerolo anaganiza zosintha anthu onse nkhani ikamapita m'tsogolo, m'malo mowakalambitsa ndi zodzola, ntchito yosaka inayambiranso ndipo Olivia Colman anatenga mpandowo. Kusankhako kunayamikiridwa ponseponse. Komabe mu 2018 akuluakulu opanga sewerolo anavomera kuti Foy, mwini gawo lalikulu, ankalandira ndalama zochepa kuyerekeza ndi Matt Smith, amene ankachita gawo la mwamuna wake. Kampaniyo inapepesa.

Ulemu wa ntchitoyi unachedwa kufika, mwina chifukwa chakuti ikagwiridwa bwino sioneka: woonera amangokhulupirira kuti mfumukaziyo ndi yomweyo, osaganiza kuti panali ena amene anayesedwa n'kubwezedwa. Mwinanso n'chifukwa chakuti ambiri oigwira ndi amayi. Pa wailesi yakanema zinthu zinafulumirako. Mayi Gold analandira mphoto ya Emmy chifukwa cha John Adams mu 2008, chifukwa cha Game of Thrones mu 2015, 2016 ndi 2019, The Crown mu 2018, ndiponso Baby Reindeer mu 2024. Mu 2016 bungwe la BAFTA la ku Britain linawapatsa mphoto yapadera, ndipo mu 2020 linakhazikitsa mphoto ya chaka ndi chaka ya osankha anthu a m'mafilimu. Mphoto za Oscar za ku America, zimene zinayamba kuperekedwa mu 1929, zinalengeza mu 2024 kuti nazonso ziyamba kulemekeza ntchitoyi kuyambira ndi mafilimu a 2025. Pa mayina asanu oyamba kupikisana pa mphotoyo panali la Nina Gold, chifukwa cha filimu ya Hamnet.