Tsankho limadwalitsa thupi ndi maganizo

M'MAKOMBONI athu a mu Chipata, Lusaka ndi Kabwe, pa pompi imodzi pamatunga Mnsenga, Mbemba, Mtonga ndi Mlozi, ndipo pa kantemba ka pakona mwina wogulitsa sopo ndi munthu wocokera ku Rwanda kapena ku Congo. Zambia ili ndi mitundu 73, ndipo kalembera wa 2022 anapeza kuti tilipo anthu 19.6 miliyoni. Ambiri timakhalirana bwino. Koma pali mau ena amene amatuluka pakamwa mosaganiza, monga akuti "anthu a mtundu uja ndi akuba," "usakakwatire kuja, ndi aulesi," kapena "iwe ndiwe mkazi cabe, khala cete." Akatswiri a maganizo a munthu apeza kuti mau otere satherera m'khutu ai. Munthu akamawamva tsiku ndi tsiku amatha kudwala nao, ndipo n'cifukwa cake nkhani iyi taiika pa tsamba la zaumoyo.

TSANKHO LICOKERA KUTI?

Palibe mwana amene amabadwa akudana ndi mtundu wina. Cimene tonse tili naco ndi mtima wofulumira kugawa anthu pawiri, "ife" ndi "iwo". Henri Tajfel, katswiri wa ku yunivesite ya Bristol ku England, anaonetsa zimenezi m'kafukufuku amene anatuluka mu 1971. Iye anatenga anyamata a sukulu imodzi a zaka 14 ndi 15 n'kuwagawa m'magulu awiri mwa maere, koma anawauza kuti awagawa malinga ndi zithunzi zimene aliyense anakonda. Kenaka mnyamata aliyense, ali payekha, anauzidwa kugawira anzake tindalama tocepa. Maina anabisidwa, iye anangoona nambala ndi gulu. Ngakhale zinali tero, anyamatawo anakondera a gulu lao, ndipo nthawi zina analola kuti gulu lao lilandire zocepa malinga lapose gulu linalo.

Anyamata aja sanakanganepo, ndipo magulu ao analibe tanthauzo lililonse. Motero tsankho si nthenda ya mtundu umodzi. Mbeu yake ili mwa aliyense, ndipo imamera kapena kufota malinga ndi zimene mwana amamva pa nyumba, ku sukulu ndi pa msika.

Mwana wonyozedwa nayenso amayamba kukhulupirira zimene akumva. M'zaka za m'ma 1940, Kenneth Clark ndi mkazi wake Mamie Clark, akatswiri akuda a ku America, anaonetsa ana akuda a zaka 3 mpaka 7 zidole zofanana, zina zoyera zina zakuda. Ana ambiri anasankha cidole coyera kuti ndico cabwino. Umboni uwu unachulidwa pa mlandu wa 1954 umene unathetsa lamulo lopatula ana akuda ndi azungu m'masukulu a boma ku America. Kwathu kuno maganizo ofanana amaoneka pamene mtsikana woyera khungu amatamandidwa pamaso pa mng'ono wake wakuda. Ena akakula amagula mafuta oyeretsa khungu, amene ambiri amakhala ndi mankhwala a hydroquinone, steroid kapena mercury. Mankhwala awa amapyapyalitsa khungu ndi kusiya mabanga akuda, ndipo mercury amaononga impso.

ZIMENE ZIMACITIKA M'THUPI

Munthu akanyozedwa pagulu, thupi lake limacita monga wakumana ndi galu wolusa. Tiziwalo tiwiri tokhala pamwamba pa impso timatulutsa adrenaline ndi cortisol m'magazi. Mtima umagunda msanga, BP imakwera, shuga amaculuka m'magazi, minofu imaumba. Izi n'zothandiza pothawa ngozi, ndipo ngoziyo ikapita thupi limabwerera m'malo. Bvuto limabwera ngati wonyozayo ndi bwana wa ku nchito, mwini nyumba, apongozi kapena mwamuna wako, amene uonana naye m'mawa ndi madzulo. Thupi silipeza mpata wopumula.

Profesa David Williams wa ku Harvard anakonza mafunso m'zaka za m'ma 1990 ofunsa anthu kuti ndi kangati amapatsidwa ulemu wocepa kuposa anzao, kuyesedwa mbuli, kapena kukayikiridwa ngati akuba. Mafunso awa agwiritsidwa nchito m'maiko ambiri, kuphatikizapo South Africa. Cimene cimapezeka kawirikawiri n'cakuti anthu amene amakumana ndi zotere nthawi zambiri ndi amenenso amavutika kwambiri ndi nkhawa, kusowa tulo ndi nthenda ya cisoni cosatha.

Zizindikiro zake ndi mutu wosamva mankhwala, kudzuka pakati pa usiku n'kumangoganiza, kupweteka m'mimba, kusafuna kudya, kupsa mtima msanga, kudzipatula, ndi kuyamba kudalira mowa kapena fodya. Kwa ana a sukulu, makolo ayenera kuona ngati mwana wayamba kukana kupita ku sukulu, kubisa dzina lake la kwao, kapena kucita manyazi kukamba cinenero ca amai ake pamaso pa anzake.

BP yokwera ili ndi zoyambitsa zambiri, monga mcere wambiri, kunenepa, mowa, fodya ndi ca kumtundu, ndipo kuvutika maganizo kwa nthawi yaitali kumaonjezera nkhuni pa moto. Kafukufuku wa Unduna wa Zaumoyo ndi WHO wa mu 2017 anapeza kuti pafupifupi munthu wamkulu mmodzi mwa asanu alionse m'Zambia anali ndi BP yokwera.

AZIMAI AMASENZA PAWIRI

Maukwati a mitundu yosiyana ndi ambiri m'tauni, ndipo ndi cimodzi ca zinthu zimene zagwirizanitsa dziko lino kucokera mu 1964. Koma m'nyumba zina mkazi wocokera ku mtundu wina amanyozedwa pawiri, ngati mlendo ndiponso ngati mkazi. Akaphika ndiwo mwa kwao amasekedwa. Akalephera kupereka moni m'cinenero ca apongozi akuti ndi wamwano. Mwana akadwala akuti ndi mankhwala a kwao. Abale ake ali kutali, ndipo mwamuna akakhala cete iye alibe womukambira.

Kafukufuku wa zaumoyo wa m'dziko lonse wa 2018 anapeza kuti azimai 36 pa 100 alionse a zaka 15 mpaka 49 anamenyedwapo kucokera pamene anakwanitsa zaka 15. Codabwitsa n'cakuti azimai 46 pa 100 anavomereza kuti pali zifukwa zina zimene mwamuna angamenyere mkazi wake, pamene amuna ovomereza anali 26 pa 100. Apa tikuona zija za zidole: munthu akauzidwa kuyambira ali mwana kuti ndi wocepa, amafika pokhulupirira kuti nkhanza zimamuyenera. WHO ikuti nthenda ya cisoni cosatha imagwira kwambiri azimai kuposa azibambo.

Anyamata naonso amavulazidwa ndi mau akuti "mwamuna salira." Akakula amabisa mabvuto, sapita ku kiliniki, ndipo amathawira ku bala. Pa dziko lonse lapansi amuna amene amadzipha amaposa akazi kuwirikiza kawiri.

MPHEKESERA ZIMAPHA

Tsankho likakumana ndi mantha limasanduka moto. Mu April 2016, anthu angapo atapezeka ataphedwa ndi kucotsedwa ziwalo m'makomboni a mu Lusaka, mphekesera inafalikira yakuti akucita zimenezi ndi anthu a ku Rwanda. M'masiku awiri mashopu ao oposa 60 anathyoledwa, anthu oposa 250 anagwidwa ndi apolisi, ndipo anthu awiri anatenthedwa mpaka kufa. Awiriwo anali a m'Zambia momwemuno. Ana amene amaona zotere, a mbali zonse ziwiri, amatha kukhala nthawi yaitali akulota zoopsa ndi kudzidzimuka.

MANKHWALA TILI NAO KALE

Mu 1954 katswiri wina wa ku America, Gordon Allport, analemba kuti tsankho limacepa anthu a magulu osiyana akamakumana monga olingana, akugwirira pamodzi nchito ya colinga cimodzi, ndipo atsogoleri akuvomereza. Mu 2006 akatswiri awiri, Thomas Pettigrew ndi Linda Tropp, anasonkhanitsa kafukufuku 515 wa m'maiko osiyanasiyana ndipo anapeza kuti kukumana kotere kumacepetsadi tsankho.

Makolo athu anazidziwa kale izi. Angoni ndi Abemba anamenyana nkhondo m'zaka za m'ma 1800, koma lero ndi a cimbuya, monganso Atonga ndi Alozi. Pa maliro a Mngoni, Mbemba amabwera kudzaseka anamfedwa ndi kuwapaka ufa, koma ndi yemweyo amene amatema nkhuni, kuphika ndi kunyamula bokosi. Cimbuya ndi kunyoza zimasiyana pamenepa: pa cimbuya onse awiri amaseka, aliyense ali ndi ufulu wobwezera, ndipo pa tsoka amathandizana. Ngati mmodzi yekha ndiye akuseka, winayo n'kukagona ndi mtima wowawa, cimeneco si cimbuya.

Cilimba ca azimai, kwaya ya ku chalichi, timu ya mpira ya anyamata ndi komiti ya zaumoyo ya m'komboni ndi malo amene mitundu imagwirira nchito pamodzi. Malo otere tiwasunge otseguka kwa aliyense.

ZOCITA PA NYUMBA

Makolo, samalani zimene mukamba pa nsima, pakuti kuongola mtengo n'poyamba. Munthu akakulakwirani, chulani munthuyo ndi colakwa cake, mtundu wake muusiye. Mwana akabwera ndi mau onyoza ocokera ku sukulu, mufunseni kuti anawamva kwa ndani ndipo akudziwa anthu angati a mtundu umenewo. Ngati wonyozedwa ndi mwana wanu, mumvereni kufikira atatsiriza, osamuuza cabe kuti alimbe mtima, ndipo mukaonane ndi aphunzitsi. Mphunzitseni cinenero ca atate ake ndi ca amai ake, zonse ziwiri. Nchito za pa nyumba zigawidwe kwa anyamata ndi atsikana mofanana. Azibambo, mkazi wanu akanyozedwa ndi abale anu, inu ndiye woyenera kukamba, mwaulemu koma momveka.

Malamulo naonso alipo. Gawo 23 la Malamulo Aakulu a dziko lino limaletsa kusankha munthu cifukwa ca mtundu, khungu, kwao, kapena kuti ndi mwamuna kapena mkazi, ndipo lamulo la 2011 lolimbana ndi nkhanza za pakati pa amuna ndi akazi limawerengera ndi nkhanza za mau zomwe.

Ngati kusowa tulo, cisoni kapena nkhawa zapitirira masabata awiri, pitani ku kiliniki ya kufupi, mukapimitse BP ndipo muwauze anesi zimene zikukusautsani, osati za mutu zokha. Iwo angakutumizeni kwa alangizi, ku cipatala cacikulu ca m'cigawo kapena ku Chainama Hills mu Lusaka. Wocitiridwa nkhanza apite ku Victim Support Unit pa polisi, kapena aimbe 933, ndipo za ana aimbe 116. Manambala awa ndi aulere. Munthu amene wayamba kukamba zodzipha musamusiye yekha, mupite naye ku cipatala tsiku lomwelo.