Izeki ndi Jakobo: maina amene adameza eni ake

Mutafunsa amayi ogulitsa kabichi ndi tomato pamsika wa Bvumbwe kuti John Nyanga adali ndani, ambiri angakuyang'aneni modabwa. Koma mukangotchula kuti Izeki, nkhope zimawala, ena n'kuyamba kuseka asanakumbuke n'komwe sewero lake. N'chimodzimodzinso Eric Mabedi, yemwe dziko lonse lidamudziwa kuti Jakobo.

Umu ndi momwe zimakhalira ndi katswiri wa zisudzo amene wavala khalidwe la munthu mmodzi mpaka lasanduka khungu lake. Dzina la m'sewero limameza dzina la makolo. Ngakhale Michael Usi atakhala wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko lino mu 2024, anthu m'maminibasi adapitiriza kumutchula kuti Manganya wa mu Tikuferanji.

Nyanga ndi Mabedi adali a gulu la Kwathu Drama Group la mumzinda wa Blantyre. Pomwe Du Chisiza Jr ndi gulu lake la Wakhumbata adatchuka ndi masewero a Chingerezi, a Kwathu adagwiritsitsa Chichewa. Chifukwa cha ichi, mayi wothyola tiyi m'maesiteti a ku Thyolo ankaseka nthabwala yomweyo imene ikuseketsa bwana wa muofesi, popanda womumasulira.

Luso la awiriwa lidagona pa kudalirana. Wina akaponya mawu, mnzake ankadziwa pomwe ayenera kuyankha ndi pomwe ayenera kungokhala duu, kuti omvera amalize kaye kuseka. Mutu umodzi susenza denga: Nyanga atamwalira mu 2016, Mabedi adapitiriza kutsogolera Kwathu, koma Jakobo wopanda Izeki adali ngati mtondo wopanda munsi. Naye Mabedi adatisiya mu 2021.

Bwalo limene gulu la Kwathu linkadzaza kawirikawiri ndi la French Cultural Centre ku Blantyre, lomwe eni ake a ku France adalisiya mu 2011, ndipo lero timalitcha Blantyre Cultural Centre. Kwa eni bwalo akalewo n'komwe tingaphunzire kasungidwe ka anthu otere.

Ku France kudali Louis de Funès, wobadwa mu 1914. Asanatchuke ankaimba piyano m'mabala, ndipo kwa zaka pafupifupi 20 ankangopatsidwa timbali ting'onoting'ono m'mafilimu. Mu 1956 adasewera ngati mwini golosale waumbombo mufilimu ya La Traversée de Paris, pambali pa akatswiri Jean Gabin ndi Bourvil. Adaonekamo kwa mphindi zochepa chabe, koma oonera sadamuiwale. Kutchuka kwenikweni kudamupeza mu 1964, ali ndi zaka 50, atasewera ngati wapolisi waukali mufilimu ya Le Gendarme de Saint-Tropez. Monga Izeki ndi Jakobo, iye adagwira khalidwe limodzi n'kulinola: kamunthu kopsa mtima msanga, kolalatira ang'onoang'ono koma konyambita mabwana.

De Funès adamwalira mu 1983, koma mafilimu ake akuonetsedwabe pakanema m'dzikomo, ndipo mu 2019 mzinda wa Saint-Raphaël udatsegula nyumba yosungiramo mbiri yake. Izi sizidachitike mwangozi. Kuyambira 1936, bungwe la Cinémathèque française lakhala likutolera ndi kusamala mafilimu akale, kotero ngakhale wosewera amene adangoonekera kamodzi ali ndi pomupeza.

Nanga ife? Mwana wa ku Bvumbwe wobadwa mu 2010 akafuna kudziwa chimene chinkagwetsa makolo ake ndi phwete, amadalira tizidutswa ta pa YouTube ndi Facebook, ngati ali ndi ndalama ya bandulo. Sewero la pabwalo limatha tsiku lomwelo, ndipo tepi yakale ikachita nkhungu, mawu a munthu apita mpaka kalekale.

Nthawi ikadalipo. Wailesi ya MBC, nyumba yosunga mbiri ya dziko ya National Archives ku Zomba, bungwe la Cosoma ndi otsala a Kwathu angathe kukhala pansi, kutolera matepi a Izeki ndi Jakobo, a Kapalepale ndi a Pamajiga, n'kuwasamutsira pakompyuta, mabanja a eni luso n'kumapezapo kangachepe. Fodya wako ndi yemwe ali pamphuno: anthu amene adagwira ntchito ndi akatswiriwa akadali moyo, ndipo ofunika kuwafunsa ndi lero.